Mgonero wa 1908: zolemba za kukhitchini

2 Seputembala

Ntchito yagwera ine. Nyumba imene ndimaphikako kuno kumpoto kwa England ndi ija ya mabwana akale, ya zipinda zosawerengeka, yomwe masiku ano imadyera maukwati ndi misonkhano. Eni ake akufuna kuti pa 16 Novembala tikonze mgonero wa alendo 24 monga unkakhalira m'nyumba zotere cha mu 1908, Mfumu Edward VII ali pampando. Bwana shefu ali ndi maukwati atatu pamutu, ndiye m'mawa uno angondiloza ndi supuni: "Iwe umakonda zowerengawerenga, tenga iyi." Ndatenga.

Andipatsa bokosi la mapepala omwe anapezeka m'chipinda chapansi. Muli makadi 11 a mndandanda wa zakudya ndi kope la mayi wina wophika, lothimbirira ndi mafuta. Andipatsanso mnyamata mmodzi wa ku Poland kuti azindithandiza masiku awiri pa sabata. Ndizilemba muno kuti ndisamaiwale, komanso chifukwa anzanga ophika ochokera kumudzi andipempha kuti ndiziwauza momwe zikuyendera.

6 Seputembala

Makadi onse ndi a m'Chifalansa. Nyumba ya Angelezi, alendo Angelezi, nkhosa yoweta kuseri kwa nyumba yomweyi, koma pakadi yalembedwa selle d'agneau. Bwana wa thumba lolemera ankalemba ntchito shefu wachimuna wa ku France. Wa thumba lopepukirapo ankalemba mayi wachingelezi, mayiyo n'kumalimbana nacho Chifalansacho. Mwini kope langali analemba dzina la supu imodzi mwa mitundu itatu yosiyana, ndipo ndamukonda chifukwa cha chimenecho.

Onse ankatsanzira Auguste Escoffier, yemwe anaphika ku hotela ya Savoy ku London kuyambira 1890 mpaka 1898, kenako ku Carlton kuyambira 1899. Buku lake la mu 1903, Le Guide Culinaire, bwana shefu ali nalo mu ofesi ndipo andibwereka.

Dongosolo lake nali. Oyisitara, nkhono za m'nyanja, poyamba. Supu ziwiri, ina yoonekera pansi pa mbale, ina yokhuthala, mlendo n'kusankha. Nsomba. Kambale ka nyama yokongoletsedwa. Nyama yaikulu yowotcha. Ayezi wa zipatso wotsukira m'kamwa. Mbalame yakutchire. Masamba paokha. Zotsekemera. Kenako kanthu kamchere ndi tsabola, zipatso, khofi. Kwa ine wokulira ku Ntcheu, uwu ndi mgonero wa ndiwo zokhazokha, nsima yosafika mpaka kukagona.

11 Seputembala

Tsiku lonse pafoni ndi ogulitsa, ndipo theka la zomwe mabwanawa ankazikonda kwambiri lero sizigulika.

Supu yolemekezeka inali ya kamba wam'nyanja, wobwera wamoyo pasitima kuchokera ku West Indies. Kambayo tsopano ndi wotetezedwa. Mwayi wake, ngakhale nthawiyo kunali supu yongoyerekeza kamba, yophikidwa ndi mutu wa mwana wa ng'ombe, ndipo m'kope muli njira yake. Mazira a mbalame ya lapwing, omwe ankathamangitsidwa nawo ku London chilimwe chisanayambe, lamulo la m'zaka za m'ma 1920 linathetsa malonda ake. Ortolan, kambalame kochepa ngati mpheta, konenepetsedwa mumdima n'kudyedwa ndi mafupa omwe, nako n'koletsedwa.

Yandiseketsa ndi woodcock, mbalame ya mlomo wautali yokhala m'zinyontho. Iyi ankaiwotcha osaitumbula. Ikapsa, matumbo ake ankawakanda ndi batala n'kuwapaka pa buledi wokazinga, mutu n'kuung'amba pakati kuti bwana adye ubongo ndi kasupuni. Zinthu zotere zinkadyedwa ndi anthu ovala malaya oyera olimbitsidwa ndi sitachi, pansi pa makandulo. Madzulo ndawaimbira amayi kumudzi n'kuwafotokozera. Anakhala chete kaye, kenako anati, "Ndiye mwana wanga, aja amatiseka ndi mbewa aja ndi omwewo?" Ndati eya amayi, agogo awo. Aseka mpaka foni kugwa.

Woodcock sitiika. Yachepa m'dziko muno ndipo alenje ambiri saiwombera Disembala asanafike. Tiika zinziri zoweta ndi pheasant, mbalame yakutchire yonga nkhanga.

19 Seputembala

Sabata ino ndinaipatula kuti ndimvetse mfumuyo, chifukwa zomwe inkakonda ndi zomwe nyumba zonsezi zinkaphika. Mwina inkabwera, mwina ayi, koma mayi aliyense wa nyumba yaikulu ankalota za tsikulo, ndipo ena analowa m'ngongole poilandira.

Edward ankadya ngati wobwera kumunda, koma kumunda sankapita. Anzake kumbali ankamutcha Tum-Tum chifukwa cha mimba, ndipo pomwe ankalongedwa ufumu mu 1902 chiuno chake chinali mainchesi 48. Mwambo wolongawo unayenera kuchitika pa 26 Juni, koma anadwala m'mimba, dokotala Frederick Treves n'kumupanga opaleshoni masiku awiri mwambo usanachitike, ndipo zinakachitika pa 9 Ogasiti. Zambiri mwa zakudya za phwando loyambalo zinagawidwa kwa osauka a mu London. Ndimayesa kuganiza nkhope ya mayi wa ku Whitechapel atalandira zinziri za mu jele.

Ankakonda oyisitara, caviar (mazira a nsomba), mazira a lapwing aja, ndi timbalame tofutiridwa chiwindi cha tsekwe wonenepa. Koma ankakondanso nyama ya ng'ombe yowotcha ndi Yorkshire pudding Lamulungu masana, chakudya cha wamba. Pogona ankamuikira nkhuku yozizira pambali pa bedi kuti mwina njala ingamudzutse. Ku Sandringham, nyumba yake ya ku Norfolk, alendo ankawayeza pasikelo pofika ndi pochoka, kuti aone ngati adyadi. Ogasiti akafika ankapita ku Marienbad kukamwa madzi a m'kasupe kuti achepeko thupi, pobwera n'kuyambiranso.

Chimodzi chomwe olemba mbiri yake amati sankachifuna ndi arrowroot, ufa woyera wophikira phala la odwala ndi makanda. Poyamba ndinangoseka. Kenako ndinatsegula kumapeto kwa kope la mayi uja, komwe analemba zopita kuchipinda cha ana: nyama ya nkhosa yowiritsa, mpunga wa mkaka, tapioca, arrowroot. Ana a mabwanawa ankakulira pamwamba penipeni pa nyumba, ndi mlezi, akudya zopanda mchere wokwanira, pomwe pansi makolo akudya mbale 12. Munthu wokula chonchi akafika patebulo la akulu, phala loyera salifunanso m'maso.

27 Seputembala

Supu yoonekera pansi yandichititsa manyazi. Dzulo ndinawiritsa mafupa ndi mutu wa mwana wa ng'ombe maola 8, lero ndinayengula mafuta, n'kuthira nyama yogaya ndi zoyera za mazira kuti zikoke zinyalala. Ndinatembenuka pang'ono kukalandira katundu pakhomo, poto n'kubwata mwamphamvu, chikhungu cha mazira chija n'kusweka. Yatuluka ngati madzi a m'chithaphwi. Malita 9, masiku awiri. Antchito adya supu yabwino masana ano.

Ndiyambiranso Lachiwiri, ndipo sindichoka pambaula.

5 Okutobala

Yachiwiri yatheka. Ndinaika ndalama yachitsulo pansi pa mbale n'kuwerenga chaka chake kudzera mu supu.

Koma lero takangana ndi bwana shefu, nkhani yake adyo. Analawa msuzi wa nkhosa n'kunena kuti ukusowa kanthu, athiremo adyo. Ndinati bwana, pepani, m'kope monse mulibe adyo ngakhale kamodzi. Iwo akuti alendo a lero akalipira ndalama zambiri ndipo lilime lawo ndi la lero. Akunena zoona. Inenso ndikunena zoona. Mabwana a nthawiyo adyo ankamuona ngati fungo la alendo akunja ndi la anthu wamba, ndipo mashefu a ku France omwe ankaphika kuno anaphunzira kumubisa kapena kumusiya. Escoffier yemweyo, podziwa kuti Angelezi amanyansidwa ndi achule, anaphikira Edward, asanakhale mfumu, miyendo ya achule n'kuipatsa dzina loti cuisses de nymphes, ntchafu za anamwali a m'nthano. Zinadyedwa.

Tagwirizana kuti tingopaka adyo m'mphika n'kumuchotsa. Pakadi sitilemba.

Madzulo kunabwera agogo ena a m'mudzi wapafupi, a zaka 88, omwe amathandiza kuonetsa alendo nyumbayi. Agogo awo anali mtsikana wotsuka mapoto muno nkhondo yoyamba isanayambe. Ndinawapatsa tiyi n'kuwafunsa zomwe mabwana sankafuna. Zambiri zomwe anandiuza sizinali zakudya ayi, zinali makhalidwe. Fungo la kabichi kapena anyezi lisamveke kumtunda, n'chifukwa chake khitchini yathu ili kumapeto kwa khonde lalitali chonchi, chakudya n'kumafika chitayamba kuzizira. Supu kapena nsomba supempha kachiwiri. Mtsikana wosakwatiwa sadya tchizi pa mgonero wa alendo. Mipeni yapadera yodyera nsomba inali chizindikiro choti banja lalemera posachedwa, chifukwa siliva wa mabanja akale anasulidwa mipeniyo isanabwere, ndiye iwo ankadya nsomba ndi foloko ndi kachidutswa ka buledi, kapena mafoloko awiri. Ndipo chachikulu, chakudya suchiyamikira. Kunena kuti "koma ndiye zakoma" kunali ngati kuulula kuti kwanu simudya zotere.

Ichi chandikhala pamtima usiku wonse. Kwathu mlendo akadya osanena kanthu, mayi wa pakhomo sagona. Kuno mayi uja ankadzuka mdima, kuphika mbale 12, ndipo uthenga wabwino unali woti kumtunda sikunabwere mawu alionse.

14 Okutobala

Ndinalonjeza kuti chakudya chimodzi ndichipanga popanda makina, kuti ndidziwe. Ndinasankha timibulu ta nsomba tofewa totchedwa quenelles, ndi supu yokhuthala ija.

Nsomba umaisinja mumtondo wamwala, kenako umaikanikiza pa sefa yaubweya ndi chipande mpaka yonse itadutsa, kenako umaitakasa ndi kirimu mbale ili pa ayezi. Supu umaithira pansalu yolimba, anthu awiri n'kugwira uku ndi uku, kumakanikiza ndi mithiko mpaka itsike. Ine ndi mnyamata uja tinatha maola atatu ndi theka pa za anthu 6. Manja akunjenjemera mpaka pano. Makina akanachita mphindi 4, ndipo kunena zoona kusiyana kwake pa lilime n'kochepa. Kulipo, koma n'kochepa.

Apa m'pamene ndayamba kuona chomwe ndikuphika. Ndinkayesa kuti ndikufufuza zomwe zinkawakomera mabwanawa. Koma ndikayang'ana makadi 11 aja, pafupifupi chilichonse chili pamenepo chifukwa chinadya maola a munthu wina. Supu ya masiku awiri. Zinziri zochotsedwa mafupa onse khungu osang'ambika. Jele wa m'mapazi a ng'ombe wosefedwa kangapo. Mbatatesi zosemedwa kuti zifanane ngati mazira, zotsala n'kupita kwa antchito. Ndipo patebulo pasaoneke thukuta la aliyense: fupa ayi, fungo ayi, dzina la wophika ayi. Zomwe ankakana ndi zomwe zimakumbutsa ntchito, njala kapena matenda.

Manjawo analipo ambiri. Kalembera wa mu 1911 anapeza antchito a m'nyumba opitirira 1 miliyoni ku England ndi Wales, ochuluka zedi akazi. Mtsikana wotsuka mapoto, ngati agogo a agogo aja, ankalandira mapaundi ongopitirira pang'ono 10 pachaka, akupukuta mapoto a mkuwa ndi mchenga, mchere ndi viniga mpaka zala kusweka. Ndipo kunja kwa geti kunali njala. Mu 1901 Seebohm Rowntree anasindikiza kafukufuku wake wa mzinda wa York, womwe suli kutali ndi kuno, wosonyeza kuti anthu pafupifupi 28 pa 100 alionse anali pa umphawi. Anyamata ambiri ofuna kupita ku nkhondo ya ku South Africa anabwezedwa chifukwa cha matupi ofooka, zomwe zinachititsa mantha boma mpaka mu 1906 linaloleza makhonsolo kudyetsa ana kusukulu. Zonsezi m'zaka zomwezo za nkhuku ya pambali pa bedi.

Ine ndili ndi mnyamata mmodzi, masiku awiri pa sabata. Makina agwira ntchito.

23 Okutobala

Wosamalira mbalame za m'nkhalango ya pafupi wandibweretsera ma pheasant 6 oyesera. Ndi bambo wachikulire wosalankhula zambiri. Nditamufunsa kuti ndiwapachike masiku angati, anati agogo ake ankapachika mbalame mpaka nthenga za kumchira zizisosoka zokha, mimba itayamba kubiriwira. Mabwana ankaifuna choncho, yonunkhira kutchire. Ndiye taonani anthu awa: adyo akuti akununkha, koma mbalame ya masiku 12 pa mbedza akuti yafika.

Ndapachika ziwiri masiku 3, ziwiri masiku 7, ziwiri masiku 12, m'chipinda chozizira chakale. Za masiku 12 bwana shefu anangotsegula chitseko n'kutseka. Ine ndinalawa, poti kwathu nyama yofutsa sitiiopa. Ili ndi kukoma kwake, kowawirira ngati chiwindi. Koma alendo 24 sangaipirire, ndipo oyendera zaukhondo sangatisiye. Tasankha masiku 7.

Mbalamezi sizinali ndiwo chabe, ndizo zinkayendetsa kalendala. Grouse kuyambira 12 Ogasiti, nkhwali zawo 1 Seputembala, pheasant 1 Okutobala, ndipo maphwando a m'nyumba ngati ino ankatsata masiku amenewo. Ku Sandringham mfumu inakankhira mawotchi onse patsogolo ndi theka la ola kuti alenje apeze kuwala kokwanira. Lord Ripon, katswiri wa mfuti wa ku Yorkshire konkuno, analemba m'mabuku ake nyama ndi mbalame 556,813 zomwe anapha pakati pa 1867 ndi 1923. Mu Disembala 1913 Mfumu George V, mwana wa Edward, ndi anzake anapha ma pheasant 3,937 tsiku limodzi ku Hall Barn. Mlenje wa kwathu akapha nkhanga ziwiri amabwerera kunyumba.

30 Okutobala

Kanthu kamchere kotsekera mgonero kasankhidwa: oyisitara wokulungidwa m'nyama ya nkhumba yopyapyala, pa buledi wokazinga. Ankakakonda ndi azibambo, chifukwa kamachotsa shuga m'kamwa vinyo wa port ndi ndudu zisanafike. Azimayi ambiri ankangokadutsitsa.

Zipatso ndi nkhani ina. Ulemu unali kuika patebulo mphesa, mapichesi ndi nanazi za m'munda mwako, zolimidwa m'nyumba zagalasi zotenthetsedwa ndi malasha usana ndi usiku, kunja kukugwa chisanu. Nanazi imodzi inkatenga zaka ziwiri kapena kuposa, wolima akudzuka pakati pa usiku kukasonkhezera moto. Nyumba zagalasi za pano zinagwa kalekale, maziko okha ndiwo atsala. Nanazi yathu ndaigula ku supamaketi, ndipo singafike n'komwe pa za m'mbali mwa msewu ku Mulanje.

9 Novembala

Mgonero woyesera, anthu 8, onse antchito. Zaphunzitsa zambiri.

Choyamba, nthawi. Tinatha maola atatu ndi mphindi 20, pomwe iwo ankatha mofulumira kwambiri kuposa apa, chifukwa kumbuyo kwa mipando kunkaima anyamata ambiri ndipo mbale ikachoka ina inali itafika kale. Komanso mlendo sankayenera kudya zonse. Ankatola pang'ono apa, kukana apo, ndipo kukanako kunali mbali ya ulemu. Anthu athu a lero amamaliza mbale iliyonse chifukwa anaphunzitsidwa kusataya chakudya. Pofika pa pheasant onse anali atatsamira kumbuyo, mmodzi atamasula lamba.

Chachiwiri, mbale. Anthu 24 kuchulukitsa ndi mbale, matambula ndi mafoloko a gawo lililonse, zikupitirira zidutswa 700, ndipo za siliva ndi zagolide m'mphepete sizilowa m'makina. Ndapempha otsuka awiri owonjezera. Andipatsa mmodzi.

Tadula. Masamba apita limodzi ndi nyama, supu ikhala imodzi yoonekera pansi ija, magawo atsala 9 ndipo aliyense wachepetsedwa. Eni nyumba anadandaula kuti sizikhalanso ngati zenizeni. Ndinawakumbutsa mwaulemu kuti eni ake enieniwo anadula kuposa apa. Edward anamwalira mu Meyi 1910, ndipo mwana wake George V anali wokonda zakudya zosavuta. Nkhondo itabwera analetsa mowa m'nyumba yachifumu mu 1915, kumapeto kwa 1916 boma linalamula kuti m'mahotela mgonero usapitirire magawo atatu, ndipo mu 1918 shuga, nyama ndi batala zinayamba kugawidwa ndi makadi. Anyamata oima kumbuyo kwa mipando anapita ku France, atsikana anapita kumafakitale a zipolopolo komwe malipiro anali abwinoko, ndipo ambiri sanabwererenso kudzatsuka mapoto. Makadi a m'bokosi langa omaliza ndi a Julayi 1914.

15 Novembala

Supu yakonzeka, yoyera bwino. Zinziri 26 zachotsedwa mafupa, ziwiri zang'ambika. Jele wagwira. Msana ukupweteka. Mipeni ya nsomba ndawauza operekera kuti aibweze m'kabati.

17 Novembala

Zatha. Tinayamba 8 koloko, khofi anatuluka 10:40. Ayezi wa mandimu anasungunuka pang'ono pakhonde lalitali lija, msuzi wa nkhosa unafika wofunda osati wotentha, monga mmene uyenera kuti unkafikira mu 1908. Mayi mmodzi anabweza zinziri atamva kuti mkati muli chiwindi. Bambo wina anapempha supu kachiwiri, ndipo woperekera, yemwe ndinamuphunzitsa mwambo wonse, anabwera kudzandifunsa ngati n'zololedwa. Ndinati mupatseni, yatsala.

Kumapeto alendo anatumiza uthenga kuti akufuna kuona wophika. Ndinavula epuloni yothimbirira, kuvala ina, n'kuyenda khonde lonse lija. Anaomba m'manja. Ndinaima pakhomo osadziwa poika manja anga, ndikuganiza za mayi wa kope uja, yemwe sindikudziwa ngati analowamo m'chipinda chimenecho makandulo akuyaka.

Agogo aja anali atakhala kukhitchini usiku wonse pampando wa pafupi ndi uvuni, poti anakana kukhala kumtunda. Tinawadyetsa gawo lililonse likamatuluka. Pa pheasant anapukusa mutu, akuti yaiwisi, inafunika masiku ena asanu pa mbedza. Titamaliza kutsuka cha m'ma 2 koloko, ndinatereka kampoto kanga, kuvundula nsima ya ufa womwe ndimasunga kuseri kwa shelefu, n'kutenthetsa msuzi wa mafupa a zinziri. Ndinathiramo adyo ndi tomato. Mnyamata wa ku Poland anadya mitanda iwiri.

Zotsala: kubweza buku la bwana shefu, kuwerengera ndalama za oyisitara zomwe zadumpha bajeti, ndi kukulunga kope lija m'pepala louma lisanabwerere pansi. Eni nyumba akufunsa kale za chakudya cham'mawa cha nthawi yomweyo, cha mu Febuluwale: impso za nkhosa zatsabola, kedgeree ya nsomba ndi mpunga, ndi mbalame zozizira pa tebulo la pambali. Ndawauza kuti ndiyankha Lachisanu.